MUTU UKAKULA SULEWA NKHONYA

Abale ndi alongo a m'nthambi yathu,

M'kalata wa mwezi uno tafuna kukambirana nanu nkhani imene ena angaiyese yopepuka, koma ife tikuiona kuti ndi yolemera ndithu. Nkhaniyi ndi ya kuseka atsogoleri. Palibe mudzi umene ulibe mnyamata kapena mai wodziwa kutsanzira mayendedwe a mfumu, kutsokomola kwa mkulu wa mpingo, kaya kalankhulidwe ka phungu wa ku Nyumba ya Malamulo. Akayamba zake pa ukwati kapena pobwerera ku msonkhano, anthu amagwira nthiti ndi kuseka. Koma pamakhalanso ena amene nkhope zao zimachita mdima, nati uku n'kunyoza akulu, munthu wotere aletsedwe. Tsono funso lathu ndi ili: kodi gulu la ndale liyenera kuchita naye chiani munthu wotsanzira atsogoleri? Pofuna kuyankha, tiyeni tione moyo ndi nchito ya munthu mmodzi wa ku South Africa, Bambo Pieter-Dirk Uys, amene agwira nchito imeneyi kwa zaka zoposa 40.

Dziko la South Africa si lachilendo kwa ife. Atate athu ndi agogo athu ambiri anapita ku Joni ndi Wenela kukagwira nchito m'migodi, ndipo anabwerako ndi nkhani za chitupa chimene munthu wakuda sanali kuyenda popanda icho, za zitseko zolowera Azungu okha, ndi za mabenchi amene wakuda sanali kuloledwa kukhalapo. Ulamuliro watsankho umenewu, umene eni ake anautcha apartheid, unakhazikika mu 1948 pamene chipani cha National Party chinatenga boma, ndipo unatha mu 1994. M'dziko lotero, la apolisi aukali ndi ndende zodzaza, ndimo munatuluka munthu amene chida chake chinali chipewa, mandala a m'maso ndi chala chimodzi.

MWANA WA M'NYUMBA MOMWEMO

Bambo Uys anabadwa pa 28 September 1945 mu mzinda wa Cape Town. Atate ao, a Hannes Uys, anali Mbunu weniweni, woimba limba m'tchalitchi, ndiponso wachibale wa Dr. D. F. Malan, amene anali Nduna Yaikulu yoyamba ya boma la tsankho. Mai ao, a Helga Bassel, anali katswiri woimba piyano wochokera ku Berlin, Myuda, amene anathawa ku Germany m'zaka za m'ma 1930 chifukwa cha nkhanza za Hitler. Taonani tsono: m'nyumba imodzi munali magazi a mtundu umene unali kusala anzao, ndi magazi a mtundu umene unasalidwa. Mwanayo anakula akudziwa chinenero cha olamula, mapemphero ao, nthabwala zao ndi mantha ao. Ichi ndicho chinadzakhala mphamvu yake, pakuti sungatsanzire bwino munthu amene sunadye naye m'mbale imodzi.

Atatsiriza maphunziro ao pa University of Cape Town anapita ku London kukaphunzira za kanema, ndipo atabwerera kwao anayamba nchito pa Space Theatre, nyumba yaing'ono ya zisudzo imene inatsegulidwa ku Cape Town mu 1972, imene inali kulola anthu a makungu onse kukhala pamodzi ngakhale malamulo anali kukaniza. Kumeneko analemba masewero, koma bungwe la boma lopima mabuku ndi zisudzo linaletsa ena mwa masewerowo, monga Selle Ou Storie ndi Karnaval. Sewero lolembedwa ndi losavuta kuliletsa. Opima amangotenga mapepala, kulemba mzere pansi pa mau amene sakuwafuna, basi ndalama zonse zimene munaononga ndi miyezi yonse imene anzanu anathera poloweza mau zapita pachabe. Apa mpamene Bambo Uys anapeza njira ina. Anaganiza zoima okha pa nsanja, osalemba anthu ena nchito, ndi kumasintha mau monga momwe nkhani za m'dziko zinali kusinthira, ndipo koposa zonse, kumalankhula mau enieni a nduna za boma ndi mau ao omwe a ndunazo.

NG'ONA YAIKULU

Mu 1978 a P. W. Botha anakhala Nduna Yaikulu, atakhala zaka zambiri ali nduna yoona za asilikali. Anali munthu waukali kotero kuti anthu ao omwe anawatcha Ng'ona Yaikulu. Mu 1979 anauza Azungu anzao kuti ayenera kusintha, akapanda kutero afa. Mu 1981 Bambo Uys anatenga mau omwewo, nasintha kalembedwe ka liu lomaliza, natcha sewero lao Adapt or Dye. M'Chingerezi liu loti kufa ndi liu loti kunyika nsalu mu utoto amamveka chimodzimodzi. Choncho dzinalo linali kulasa pa nkhani ya khungu, ndiponso linali kufunsa ngati boma likusinthadi mtima kapena likungopaka utoto watsopano pa khoma lakale long'aluka.

M'sewerolo ndi m'masewero ena otsatira, Bambo Uys anali kuvala chipewa ndi mandala, kutulutsa milomo, kuinyambita monga anali kuchitira a Botha, kenaka kukweza chala chija choopsezera. Pomwepo nyumba yonse inali kugwa ndi kuseka. Ena a inu mufunsa kuti kodi pamenepa pali phindu lanji. Phindu lake ndi ili. Wolamula mwankhanza amadya mantha monga ife tidyera nsima, ndipo mantha amakula pamene anthu ayamba kuganiza kuti wolamulayo sali munthu ngati iwo. Wotsanzira amaonetsa poyera kuti chinthu chimene chikukunjenjemeretsani chinapangidwa ndi zidutswa zitatu kapena zinai, chipewa, mau okalipa, chala, ndipo munthu wina aliyense angathe kuzitola ndi kuzivala. Amene anaona Bambo Uys akugwedeza chalacho madzulo, mawa lake poona a Botha enieni pa wailesi ya kanema sanathenso kunjenjemera monga kale. Mu August 1985 ku Durban, pamene maiko onse anali kudikira kuti a Botha alengeze kusintha kwakukulu, iwo anakana, nagwedezera dziko lonse lapansi chala chomwecho, ndipo ndalama ya dzikolo inagwa mphamvu. Panthawiyo ambiri anali atachidziwa kale chalacho.

Sanali a Botha okha. Panalinso a Piet Koornhof, nduna yoyang'anira nkhani za anthu akuda, amene mu 1979 anakauza anthu ku America kuti tsankho likufa, chonsecho ofesi yao inali kusamutsabe mabanja mokakamiza. Iwowa Bambo Uys anali kuwaonetsa ndi makutu akuluakulu ndi mphuno yaitali, akulonjeza zokoma zokhazokha. Bambo Uys akhala akunena kawirikawiri kuti amene anali kuwalembera nthabwala anali a boma eni ake. Pamenepa mpamene panagona nzeru. Kodi boma lingamange bwanji munthu chifukwa chobwereza mau amene nduna yake inalankhula dzulo pamaso pa anthu onse? Likatero ndiye kuti lavomera kuti mau a ndunayo ndi opusa.

KAZEMBE WA DZIKO LOSAKHALAKO

Koma munthu amene anatchukitsa Bambo Uys koposa onse sanali nduna ai. Anali mai wongopeka. Kuti mumvetse, tiyenera kufotokoza pang'ono za malo. Malamulo a 1913 ndi 1936 anasiyira anthu akuda, amene anali ochuluka koposa, gawo la malo losapitirira 13 pa 100 alionse. Boma la tsankho linadula gawo limeneli kukhala timaiko 10, mtundu uliwonse kadziko kake, ndipo tinai linatipatsa ufulu wabodza: Transkei mu 1976, Bophuthatswana mu 1977, Venda mu 1979 ndi Ciskei mu 1981. Cholinga chinali chakuti munthu wakuda asakhalenso nzika ya South Africa, koma mlendo wobwera kudzagwira nchito m'dziko limene makolo ake anaikidwamo m'manda. Timaikoti tinali ndi mbendera, nyimbo za fuko ndi apulezidenti, koma panalibe dziko lina lakunja limene linativomereza.

Bambo Uys anaonjezerapo kadziko kena, nakatcha Bapetikosweti, ndipo anaikako kazembe wa South Africa dzina lake Mai Evita Bezuidenhout. Maiyu anayambira m'nyuzipepala ya Sunday Express kumapeto kwa zaka za m'ma 1970, pakuti zinthu zimene mtolankhani sakanatha kuzilemba monga nkhani, zinali kutheka kuziika m'kamwa mwa dona wokonda miseche ya m'maphwando a akuluakulu. Pambuyo pake Bambo Uys anavala diresi, tsitsi loikirira, ndolo ndi nsapato za gogoda, ndipo Mai Evita anayamba kuoneka ndi maso. Musadabwe nazo, abale, pakuti nafenso kuno tikudziwa kuti m'kati mwa Maliya wa ku gule mumakhala mwamuna.

Mai Evita sanali kutsutsa boma. Anali kulitamanda. Anali kufotokoza ubwino wa tsankho ndi kumwetulira kwa mai wachifundo, akumanena momwe amakondera anchito ake akuda, ndi momwe kadziko kake kalili kamtendere. Koma anali kutamanda mopitiriza muyezo pang'ono chabe, kotero kuti womvera anali kuyamba kumva fungo la chinthu chimene chikubisidwa. Azungu ambiri amene anali m'nyumba za zisudzo anamva m'kamwa mwa Mai Evita mau omwe anali kuwamva kwa azakhali ao ndi kwa amai ao pa nthawi ya tiyi, ndipo kwa nthawi yoyamba anawamva monga amamvekera kwa munthu woima panja.

MLANDU UMENE ENA AMAWANENERA

Sitingakhale oona mtima tikabisa zimene ena ananena motsutsa nchito imeneyi, ndipo zonena zao zili ndi mutu. Iwo amati Bambo Uys anatha kuchita zonsezi chifukwa anali Mzungu, Mbunu, mwana wa banja lodziwika. Munthu wakuda wazisudzo sanali ndi mwai wotero. A Gibson Kente, katswiri wa masewero wa ku Soweto, anatsekeredwa mu 1976 chifukwa cha nchito yao. Amatinso boma linali kuwalekerera dala kuti lizionetsa alendo kuti m'dzikomo muli ufulu wolankhula. Nduna zina, monga a Pik Botha oona za maiko akunja ndi a Koornhof omwe, zinafika pokondwera nako kutsanziridwa. Ndipo oonerera ambiri anali Azungu a ndalama, amene ataseka mokwana anali kubwerera kunyumba kukalandira chakudya kwa wanchito amene chitupa chinali m'thumba mwake. Kuseka kotere, amatero otsutsawo, kuli ngati kuvundukula mphika kuti usasefukire. Moto uli pomwepo, ndipo wophikayo sanasinthe.

Ife tikuvomera kuti nthabwala sizinagwetse tsankho. Amene analigwetsa ndi ana a sukulu a ku Soweto amene anaomberedwa mu June 1976, mabungwe a anchito amene ananyanyala m'migodi ndi m'mafakitale, akaidi a ku Robben Island, amai amene anaguba kukana zitupa, ndi maiko amene anakana kuchita malonda ndi boma lija. Wina aliyense wonena kuti chipewa ndi diresi zinachita zonsezi akukunamizani.

Koma munda waukulu salima ndi khasu limodzi. Taganizani za Mzungu wamba wa nthawi imeneyo. Ku misonkhano ya anthu akuda sanali kupitako. Mabuku onena zoona anali oletsedwa. Wailesi inali ya boma, sukulu inali ya boma, ndipo ngakhale pa guwa la tchalitchi chake anali kumva kuti zinthu zili bwino. Nanga ndani akanamfikira munthu ameneyu? Anayenera kukhala wa m'nyumba momwemo, wolankhula chinenero chake, wolowera pa khomo limene mwiniwake sanalitseke chifukwa anaganiza kuti kukubwera zosangalatsa chabe. Pa 17 March 1992 Azungu okhaokha anafunsidwa ngati zokambirana zothetsa tsankho zipitirire, ndipo oposa 68 pa 100 alionse anavomera. Sitikunena kuti Bambo Uys ndiwo anachititsa. Tikunena kuti mwala umafewa ndi madontho ambiri, ndipo dontho lao linali limodzi mwa madonthowo.

Tisaganize kuti kuseka kulikonse n'kwabwino. Pa 12 September 1977 a Steve Biko anafera m'manja mwa apolisi, atamenyedwa m'mutu ndi kunyamulidwa ali maliseche kumbuyo kwa galimoto kuchoka ku Port Elizabeth mpaka ku Pretoria, ulendo wa makilomita oposa 1,000. Patangopita masiku owerengeka, nduna ya za chilungamo, a Jimmy Kruger, anauza msonkhano wa chipani chao kuti imfayo sikuwakhudza, ndipo nthumwi zinaseka. Kumeneko kunalinso kuseka. Kusiyana kwake n'kwakuti a Kruger anali kuseka ali pamwamba, kuseka mtembo wa munthu amene apolisi ao anamupha. Pamene Bambo Uys anali kuloza m'mwamba, kwa eni mfuti ndi makiyi a ndende. Muyezo umenewu tiusunge, tidzaufuna kutsogoloku.

ATALOWA ENA M'BOMA

Wotsanzira ambiri amatha pamodzi ndi munthu amene amamtsanzira. Ku America kunali a Vaughn Meader, amene mu 1962 anatchuka zedi potsanzira mau a Pulezidenti John Kennedy, ndipo mbale ya galamafoni ya nthabwala zao inagulidwa mamiliyoni. Pa 22 November 1963 a Kennedy anaphedwa, ndipo tsiku lomwelo nchito ya a Meader inafera pomwepo. Ambiri anaganiza kuti Bambo Uys zidzawathera chomwecho. A Botha anachoka pa mpando mu 1989, timaiko tija tinathetsedwa mu 1994, ndipo kazembe wa Bapetikosweti anatsala wopanda dziko.

Koma panachitika chinthu chimene atsogoleri athu onse, aakulu ndi aang'ono, ayenera kuchilingalira. Mu 1994, chaka chomwe anakhala Pulezidenti, a Nelson Mandela anakhala pansi pamaso pa makina a kanema ndi kulola kuti Mai Evita awafunse mafunso. Munthu amene anakhala m'ndende zaka 27, amene dziko lonse lapansi linali kumvulira chipewa, anacheza ndi mwamuna wovala diresi, nayankha mwaulemu, naseka naye. Ulemu wao sunachepe ndi pang'ono pomwe. Ndipo kudzera mwa Mai Evita, mau ao analowa m'nyumba za Mabunu ambiri amene anali ndi mantha ndi boma latsopano. Uku ndiko kukhala wamkulu. A Botha anali kufuna kuti anthu aziopa chala chao, ndipo lero chalacho chimakumbukika monga nthabwala. A Mandela sanaope kusekedwa, ndipo dzina lao lili pomwe linali.

Mu 1996 Bambo Uys anatsegula nyumba ya zisudzo m'siteshoni yakale ya sitima m'katauni ka alimi kotchedwa Darling, kumpoto kwa Cape Town, naitcha Evita se Perron. Chisankho cha 1999 chili pafupi, Mai Evita anayendera matauni ndi midzi kuphunzitsa anthu za kuponya voti. Ndipo kuyambira chaka cha 2000 Bambo Uys anayamba kuyendera masukulu kulankhula ndi ana za matenda a Edzi, pogwiritsa nchito nthabwala kuti anene zinthu zimene makolo ndi aphunzitsi anali kuchita nazo manyazi. Ana amene anawamva anaposa miliyoni imodzi. Ife amene timagwira choko tikudziwa kuti mwana amene waseka watsegula makutu, ndipo phunziro lolowa pa nthawi imeneyo silituluka msanga.

Pa nkhani ya Edzi yomweyi mpamene panaonekera ngati munthuyu anali kudana ndi chipani chimodzi chabe, kapena anali kudana ndi bodza la olamula. Pulezidenti Thabo Mbeki, amene analamula kuyambira 1999 mpaka 2008, anali kukaikira zimene madokotala anali kunena za kachirombo koyambitsa matendawa, ndipo nduna yao ya za umoyo, Mai Manto Tshabalala-Msimang, inali kutamanda adyo, mandimu ndi beetroot pamene anthu anali kulirira mankhwala a ma ARV. Akatswiri a ku Harvard anawerengera mu 2008 kuti kuchedwa kwa mankhwalawo kunataitsa miyoyo yoposa 330,000 pakati pa 2000 ndi 2005. Bambo Uys sananene kuti awa ndi omenyera ufulu, tiwasiye. Anawatsanzira monga anatsanzirira a Botha, ndipo pambuyo pake anateronso ndi a Jacob Zuma. Sichinali chinthu chapafupi kuti Mzungu aseke boma la anthu amene anazunzika zaka zonse zija, ndipo kukhala chete kukanawapezetsa abwenzi ambiri. Apanso amene anakakamiza boma ndi ena, makamaka bungwe la Treatment Action Campaign limene linapambana mlandu ku bwalo lalikulu la malamulo mu 2002. Koma akulu anati wamisala anaona nkhondo. Munthu amene ena anali kumuyesa wongoseketsa anaona maliro akubwera, nafuula.

TSONO IFE TITANI?

Abale ndi alongo, zimenezi si zachilendo kwa ife monga ena angaganizire. Makolo athu anasiya malo a kuseka akulu. Amai pa mtondo amaimba nyimbo yonena za mwamuna waulesi kapena mfumu yokondera, ndipo mwiniwake amamva ali pakhonde, osatenga ndodo. Msuweni amakuuza mosereula zimene m'bale wako sangathe kukuuza. Adzukulu pa maliro amatsanzira mayendedwe a womwalira ngakhale anali munthu woopedwa. Ku gule kuli Simoni wa nkhope yofiira, chithunzi cha Mzungu wopsa ndi dzuwa, amene anavina pa bwalo m'masiku amene Bwana D.C. anali ndi mphamvu zonse. Makolo athu sanali opanda mwambo. Anadziwa kuti mfumu imene palibe angaiuze kuti nsalu yamasuka imayenda maliseche mpaka kumsika.

Chifukwa chake ife tikuti wotsanzira atsogoleri asaopsezedwe, asathamangitsidwe pa bwalo, ndipo asatchedwe mdani. Koma tikuikapo mau anai amene tikupempha mamembala onse kuti awasunge.

Choyamba, kuseka kuloze m'mwamba. Amene ali ndi mpando, chidindo kapena thumba la ndalama za anthu, ameneyo ayenera kupirira. Koma wosauka, wamasiye, wolumala, wodwala ndi mlendo wopanda abale, amenewa kuwaseka n'kuchita za a Kruger. Mukaona munthu akuseketsa khamu ndi tsoka la wopanda mphamvu, musaombe m'manja.

Chachiwiri, tiseke zochita ndi zonena, osati mtundu wa munthu, chipembedzo chake kapena chilema chimene anabadwa nacho. Mphamvu ya Bambo Uys inali pa kubwereza mau enieni a nduna ndi kuwaika pafupi ndi zochita zao. Wotsanzira amene amapeka bodza n'kuliika m'kamwa mwa mtsogoleri monga zoona, ameneyo wasiya nthabwala, walowa miseche, ndipo miseche imapasula mudzi. Amene abwereza lonjezo la mlatho limene linanenedwa pamaso pa tonse, mlathowo osaoneka, ameneyo akutithandiza kukumbukira.

Chachitatu, ndipo ichi ndicho chovuta, tilole kuti athu omwe asekedwe. N'kosavuta kugwa ndi phwete pamene mnyamata akutsanzira mtsogoleri wa mbali ina. Tsiku limene adzatsanzire wapampando wathu, msungichuma wathu kapena mlembi amene akukulemberani kalatayu, mpamene tidzadziwike kuti ndife anthu otani. Tikadzakwiya tsiku limenelo, ndiye kuti sitinali kukonda choona. Tinali kungokonda kuona anzathu akupwetekedwa. Wakutsina khutu ndiye mnansi. Mtsogoleri wanzeru akamva kuti anthu akumseka pa chinthu chakutichakuti, asafunse kuti wayambitsa ndani. Afunse kuti kodi n'zoona. Ngati n'zoona, wapeza uphungu waulere umene omuzungulira anali kuopa kumpatsa. Ngati si zoona, nthabwalayo ifa yokha, pakuti anthu saseka nthawi yaitali chinthu chimene sachizindikira.

Chachinai, kuseka kusakhale mathero. Apa otsutsa a Bambo Uys ananena zoona, ndipo iwo eni anaonetsa kuti akudziwa, pamene anasiya nyumba zowala za m'mizinda napita kukaphunzitsa za voti ndi kukaima pamaso pa ana a sukulu. Ngati taseka za msewu wokumbika, mawa tilembe kalata, titume nthumwi, tikafunse ku msonkhano. Ngati taseka za mankhwala osowa ku chipatala, tikafunse kumene anapita. Munthu amene amaseka madzulo alionse koma tsiku la chisankho ali ku mowa, ameneyo ndiye mphika uja wovundukulidwa; wapumitsa mtima wake, koma wolamula woipa wagona tulo tabwino.

Pomaliza tikulankhula ndi inu amene anthu anakuikani patsogolo, kaya m'nthambi, kaya m'mudzi, kaya mu mpingo. Palibe amene anakukakamizani kunyamula udindo. Mutaulandira, munalandira pamodzi ndi maso a anthu, makutu ao ndi malilime ao. Akulu anati mutu ukakula sulewa nkhonya. Mukadzaona mnyamata wavala jekete ngati lanu, akukweza dzanja monga mukwezera inu, musatume anyamata oti akamgwire. Khalani pansi, mumvetsere mpaka atsirize, ndipo ngati mungathe sekani nao anzanu. Mukatero mubwerere kunyumba mukaganize bwino zimene mwamva.

Mamembala amene ali ndi maganizo ena pa nkhaniyi abwere nao ku msonkhano wa mwezi uno, ndipo adzapatsidwa nthawi yolankhula.

Ndife anu pa nchito,

MLEMBI WA NTHAMBI